Timapepala Tanga ta Mchere

Lolemba

M'mawa. Kalata yafika. Ndi ya Gilibati, mnzanga wa ku koleji, amene tsopano amavala tayi ku Zomba. Akuti komiti ya mabuku ikufuna munthu wophunzira woti akathandize kulemba dikishonale yatsopano ya Chinyanja. Malo ndi amodzi. Mayeso ake: usankhe liwu limodzi, ulembe matanthauzo ake onse, a m'buku ndi a m'njira omwe, utumize. Zikhale zitafika Lolemba likudzali. Ndiye kuti envelopu yanga ikwere lole ya esiteti yopita ku Limbe Loweruka, thu koloko. Ikaphonya lole imeneyo, malo apita kwa wina.

Ndaiwerenga katatu ndili chiimire pa sikelo. Zaka zinayi kunja, digiri ili m'sutikesi kunsi kwa bedi, koma ine mwezi wachisanu uno ndikukoleka madengu a tiyi pa mbedza ndi kufuula manambala. Dziko lonse likukamba zosintha zinthu, ine ndikukamba za masamba awiri ndi kansonga. Zatha. Ndikutuluka muno.

Masana. Liwu ndasankha: mchere. Zifukwa:

1. Ndi lalifupi.
2. Palibe nyumba imene ilibe, choncho mboni sizisowa.
3. Dikishonale yakale ya amishoni ili ndi mizere iwiri yokha pa liwuli. Kuipitirira n'kosavuta.
4. Malemu bambo anali wonyamula mchere. Ichi si chifukwa cha sayansi, koma chikhale.

Kagwiridwe kake ndi kamene ankatiphunzitsa a pulofesa: tanthauzo lililonse pa pepala lake, chiganizo ndendende monga chatulukira m'kamwa, ndipo pansi pake dzina la amene wanena. Popanda dzina la mboni, ankatero akugogoda tebulo, mwalemba mphekesera.

Mapepala ndatenga m'bokosi la pakona mu ofesi, akale a sikelo aja, kumbuyo kwake koyera. A Mukhova a ku sitolo ya phoso amatapa momwemo okulungira mchere wa antchito Loweruka lililonse, koma bokosi ndi lalikulu, tikwana tonse. Ndawadula pakati. Timapepala makumi asanu ndi limodzi.

Pulani: mawa a m'munda, Lachitatu a ku msika, Lachinayi a pakhomo, Lachisanu kusanja, Loweruka m'mawa kukopera bwinobwino ndi inki. Kunena zoona ndi ntchito ya masiku awiri.

Madzulo. Zinayi ndazipeza ndisanavule nsapato, zonse kwa amayi, iwo osadziwa: mchere wakolera, mchere wawawa, ndiwo zozizira, mchere wamibulu. Andiona ndikulemba, ndawafotokozera.

"Sukulu yonse ija, sitima yonse ija, wabwerako ndi mchere?"

Achemwali Elube aseka mpaka kukhala pansi.

Kamphika ka mchere kakadali pa tsanja pamwamba pa moto, kakuda ndi mwaye, pomwe ndinakasiya ndili ndi zaka khumi ndi ziwiri popita ku sukulu yogonera ku mishoni. Ku koleji mchere unali m'kabotolo ka zibowo, wosalala ngati mchenga, wothira wekha. Zaka zinayi ndinkathira, sunakolerepo.

Lachiwiri

Mvula usiku wonse, masamba ndi ochuluka, mzere wa othyola tiyi wafika mpaka ku mibulugamu. Aliyense akamakoleka dengu ndikumufunsa funso limodzi. Poyamba akuchita mantha, akuyesa ndi msonkho watsopano. A Tomasi, mkulu wa mano awiri uja, ndiwo atsegula njira, kenako onse akulankhula pamodzi. Golide weniweni!

Alibe mchere: munthu wotopetsa pomumvera. "Mlaliki watsopanoyu alibe mchere." Mboni: a Tomasi.

Kuthira mchere nkhani: kuwonjezera zimene sizinachitike. "A Tomasi akamanena za nkhondo amathira mchere." Mboni: anthu asanu ndi mmodzi.

Wa mchere umodzi: wantchito watsopano, wolandira phoso kamodzi kokha, amene mwina athawa mwezi usanathe. Pano zaka saziwerenga ndi kalendala. "Ine wa michere yosawerengeka, undiuza chiyani iwe wa mchere umodzi?"

Kuwoloka madzi a mchere: kupita kutali kwenikweni. Akuti ine ndinawoloka. Ndinapita pa sitima ya pamtunda ndipo nyanja ya mchereyo ndinaiona kamodzi, pa windo, koma sindinawatsutse.

Ya mchere: kanthu kopatsa kapitao kuti asakane masamba ako. "Ukapanda kupereka ya mchere kwa a Namakhwa, dengu lako ndi timitengo tokhatokha." Amene wandiuza izi wanena motsitsa mawu, koma dzina lake wapereka. A Namakhwa, kapitao wamkulu, anali chapafupi ndi ambulera yawo, ndipo andiyang'ana nthawi yaitali.

Amayi ena okalamba akuti mchere ndi mawu a kuno, liwu lenileni ndi maakha, la Chilomwe. Ndayesa kutchula, mzere wonse wafa ndi phwete.

"Bambo ako ankatchula bwino. Iwe lilime analichapa ndi sopo ku mishoni."

Zandiwawa kuposa mmene ndikanafunira. Bambo akabwera ku ulendo ankaima pa mpanda n'kuitana amayi m'Chilomwe, ndipo liwu limenelo linalimo. Ndinali nditaiwaliratu kuti ndinaiwala.

Masana. Mzere sunayende. Masamba atentha m'madengu, ena ayamba kufiira. Bwana wafika pa njinga yamoto, matope mpaka m'makutu. Walankhula zambiri m'Chinyanja chake cha m'mphuno, koma mfundo ndi imodzi: akadzandionanso ndi kapepala pa sikelo, ndikayezere masamba kwa amayi anga.

Kunyumba denga likudontha pamwamba penipeni pa tebulo, m'thumba bwana aona. Nzeru: ndabisa timapepala m'bokosi lomwe lija, pakati pa anzake. Pepala lobisika bwino ndi lokhala pakati pa mapepala. Digiri si yachabe.

Khumi ndi zisanu ndi ziwiri. Amishoni ndawapitirira kale kasanu ndi katatu.

Lachitatu

Ndanamizira dzino. Njinga ya alamu a Waisoni, amuna a achemwali Elube, ulendo wa ku Masambanjati. Nthochi m'mbali mwa msewu monga kale, mikoko yaitali ngati ana a sukulu, ndi fungo lomwe lija la makaka onyowa.

Cholinga: Che Amidu, wogulitsa mchere ndi nsomba zouma pa khonde la sitolo yawo kuyambira ndisanabadwe. Ola limodzi, mafunso khumi, kubwerera.

Sanandizindikire. Nditatchula dzina la bambo, aika pansi kachitini koyezera n'kundigwira makutu onse awiri ngati akugula mbuzi.

"Makutu ndi omwewo. Khala pansi, mwana wa mnzanga."

Ndatulutsa pensulo. Njete: m'Chiyao. Bakayawo: nsomba ya mchere yochokera kwa Apwitikizi. Wadya mchere wambiri: wakalamba. "Ine ndadya mchere wambiri, ndatsala pang'ono kuumaliza." Zitatu.

Kenako ayamba za ulendo wa ku chigwa, ndipo pensulo yagona.

Akuti ankanyamuka anthu asanu ndi atatu, iwo ndi bambo pamodzi, ndi nandolo ndi fodya pamutu, kutsika phiri masiku awiri mpaka ku Shire kumene nthaka yake ndi chikungu. Amayi a kumeneko ankapala dothi loyeralo, kuliika m'mphika wobowola pansi, kuthira madzi, kucheza monga tichezera chidulo kuno, n'kuphika madziwo mpaka atsale mchere. Wotuwa, wowawira pang'ono. Ankaumanga m'maphukusi a makungwa a nthochi. Pokwera phiri thukuta linkalowa m'phukusi, mchere n'kumatsikira m'khosi mpaka kumsana. Bambo akafika pamwamba ankaoneka ngati awapaka laimu.

Izi ndikuzikumbuka. Ndikukumbuka ine ndi achemwali tikulimbirana makungwa aja akamasula, kuwanyambita kuseri kwa nkhokwe mpaka milomo kung'aluka. Ndikukumbuka bambo atagona chafufumimba pa mkeka, amayi akuwapukuta msana ndi madzi ofunda, ine n'kudutsitsa chala paphewa pawo n'kulawa. Anandiona. Anangosuntha phewa linalo.

Che Amidu akuti malole atayamba kubweretsa wa m'matumba, ulendo unatha chaka chimodzi chokha. Mwa anthu asanu ndi atatu aja atsala okha. Panali mawu ankafuula akaona nsonga ya phiri pobwerera, ayesa kuwakumbukira, akanika. Atembenukira kumsewu.

Ine amene ndimauza aliyense kuti dziko lino likufunika malole ambiri, misewu yambiri, msanga, ndangoyang'ana msewu womwewo.

Madzulo. Maola anayi, timapepala titatu. Ndabwerera mvula ikundimenya, tcheni chaduka pa mtsetse, ndakankha njinga mailosi atatu. Alamu sanasangalale. Dzino lija layamba kuwawa zenizeni.

Lachinayi

Lero ndi la pakhomo. Ndakhala pa mtondo pakhomo pa khitchini ndi pensulo, nthawi yopuma masana.

Chachilendo. Achemwali aphika nyemba kuyambira m'mawa. Zitapsa, kamphika ka mchere kali pomwepo pamutu pawo, koma atuluka n'kuitana: "Mayi, tabwerani mudzathire." Amayi asiya kupeta, alowa, athira, abwerera.

Ndafunsa chifukwa chake. Achemwali agwetsa chipande. Amayi: "Pita ku sikelo yako." Ndafotokoza kuti ndi za sayansi. Amayi anyamula lichero n'kukakhala kuseri kwa nyumba.

Anzanga a msinkhu wanga izi anazimva kuchinamwali. Ine nthawi imeneyo ndinali ku mishoni ndikuloweza mitsinje ya ku Ulaya. Mitsinjeyo ndikuidziwa mpaka lero, yonse, ndi kumene ikuthira.

Madzulo. Ndawadikirira alamu a Waisoni kuseri kwa fakitale potuluka. Ayang'ana uku ndi uku, andikokera pansi pa thanki, andiuza monong'ona ngati tikugulitsana kachasu. Akuti mkazi sathira mchere m'ndiwo:

akakhala kumwezi;
akakhala ndi khanda lomwe mwambo wake sunachitike;
akagwira maliro, mpaka akulu atamumasula;
akayenda njira yosayenera, mwamuna wake osadziwa.

Akathira, odya amadwala tsempho: kutsokomola, kutupa mapazi, kuwonda. Choncho amaitana wina kuti athire, ndipo wanzeru amaona n'kutseka pakamwa.

"Mwamva alamu? N'kutseka pakamwa."

Za kutupa mapazi ndi nkhani ya dokotala, ndipo tsiku lina tidzazithetsa. Koma ngati tanthauzo! Kuthira mchere, kusathira mchere: nyumba yonse imalankhulana ndi kamphika kamodzi popanda liwu, ndipo palibe dikishonale inalembapo. Amishoni anakhala kuno zaka zonsezi akudya ndiwo zomwezo osaona kanthu. Komiti ikawerenga izi idzanditumizira galimoto.

Ndiye kuti masiku aja ndili mwana, amayi akaitana mayi aang'ono kuchokera kutsidya kwa bwalo kuti adzathire, sikunali kukondana chabe. Ine ndinkayesa dzanja la mayi aang'ono ndi lokoma.

Kapepala koyamba ka tanthauzoli: "Mayi, tabwerani mudzathire." Mboni: Elube, mkazi wa a Waisoni, Lachinayi masana. Koma mboni imodzi sikwana, komanso ndi ya m'banja. Mawa ndipeze zina.

Makumi awiri ndi zisanu ndi chimodzi.

Lachisanu

Kusanja kudikire. Sikelo itatsekedwa ndatsikira ku mtsinje kumunsi kwa komboni, kumene amayi amachapa. Ndavala jekete kuti aone kuti ndi nkhani yaulemu.

Ndapereka moni. Ndafunsa momveka bwino, mwa dongosolo: "Pepani amayi, kodi mwa inu alipo amene sanathire mchere m'ndiwo lero?"

Mtsinje ndinali ndisanaumvepo ukuyenda momveka choncho.

Wina wafunda chitenje kumutu. Awiri anyamula zochapa zosatsukuluza n'kumapita. Mayi wina wamkulu wandiyang'ana kuyambira nsapato mpaka tsitsi: "Mwana wa yani ameneyu?" Atamuuza, wati, "Mayi ake ndi munthu wabwino, kodi analakwa chiyani?"

Ndabwerera chimanjamanja. Koma pa mlatho wa mitengo andipeza mai Dinesi, amene amathyola tiyi mofulumira kuposa onse ndi kulankhula mofulumira kuposa pamenepo. Akuti ndinalakwitsa kafunsidwe.

"Munthu sumufunsa za mphika wake, achimwene. Umamufunsa za mphika wa mnzake."

Ndipo ayamba. Nyumba ndi nyumba, mzere woyamba wa komboni mpaka wachinayi. Ndalemba mpaka pensulo kufupika, ndasongola ndi mano. Chiganizo chokongola koposa, chachidule, chomveka, choyenera kusindikiza: "Akazi a kapitao Namakhwa sabata yachitatu ino sakuthira mchere." Mboni: mai Dinesi.

Afunsa chimene ndikulemba pansipo. Ndati dzina lawo, kuti ulemu upite kwa mwini mawu. Akondwa. Afunsa ngati ku Zomba adzaliwerenga. Ndati ngakhale ku Ulaya.

Zitatu zina zapanjira: kulawa, kusinja mchere, mchere walira, amatero ukanyowa nyengo ya mvula n'kumadontha m'kamphika. Ili lomalizali amayi ankalinena ndili wamng'ono, ndipo ndinkapita kukasuzumira kuti ndione maso ake.

Makumi anayi ndi zinayi. Zonse zili m'bokosi, zomanga ndi kaluzi. Inki ndagula, envelopu ndalemba kale adiresi. Mawa maola atatu okopera, thu koloko lole. Ndayesa siginecha yatsopano kasanu, ya munthu wa ku Zomba.

Pakhomo palibe akundilankhula. Nkhani ya ku mtsinje yandipitirira panjira. Zilibe kanthu. Aliyense wobweretsa zatsopano amayamba wadya yekha.

Loweruka

Sikisi koloko. Kalaliki wa ku munda wa kutsidya wadwala. Bwana akuti ndipite ineyo ndi sikelo yonyamula. Ndati ndili ndi ntchito mu ofesi. Wafunsa kuti ntchito yanji. Ndapita.

Leveni koloko. Ndathamanga njira yonse. Bokosi lili pakona. Mulibe kanthu. Ngakhale kapepala kamodzi.

Kaluzi kokha.

A Mukhova ali pakhomo pa sitolo akukung'untha thumba. Akuti antchito achuluka nyengo ino, mapepala anachepa, ndipo Mulungu adalitse amene anadula ena pakati, chifukwa ndi saizi yeniyeni ya dzanja limodzi la mchere. Phoso latha kugawidwa teni koloko.

Timapepala makumi anayi ndi tinayi. Nyumba makumi anayi ndi zinayi.

Ndinadzilimbitsa mtima kuti ambiri sawerenga. Ndinaiwala telala. Telala wa pa komboni ndiye amawerengera anthu makalata a ku Joni, ndipo mayi wina ataona inki ya buluu pa mchere wake anayesa ndi uthenga wa ofesi. Pofika ine, makina osokera aima, khonde ladzaza, anthu ali pa mzere aliyense ndi kaphukusi kake. Telala wavala magalasi, akumasula kamodzikamodzi, kukhuthulira mchere m'chipewa chake, kuwongola pepala pa bondo, n'kuwerenga mokweza ndi mawu a m'tchalitchi. Liwu, tanthauzo, chiganizo. Kenako amaima pang'ono.

"Mboni."

Ndipo khamu lonse limayankha dzinalo pamodzi naye.

Ndafika ali pa za mlaliki. A Tomasi azemba chokwawa. Ndayesa kulanda mapepala, amuna awiri andigwira mwaulemu n'kundikhazika pa benchi kutsogolo. "Khalani apa a kalaliki, mutikonze tikalakwitsa."

Ya mchere: anthu aseka mpaka kugwirana. A Namakhwa, ataima kumbuyo ndi ambulera, sanaseke.

Ya achemwali: alamu a Waisoni avula chipewa n'kudziphimba nacho kumaso.

Kenako ya akazi a kapitao. Apa palibe waseka. Ndaona milomo ikuyenda, anthu akuwerenga masabata pa zala. Khanda alibe. Mwezi sukhala masabata atatu. Mai Dinesi akuwa kuti sananenepo zimenezo chibadwire. Telala watembenuza pepala n'kuwaonetsa dzina lawo, ngakhale sawerenga.

Wani koloko. Ndathawira kunyumba. Ola limodzi lilipo, mutu ulipo, ndikhoza kulemba zoloweza, mboni ndiika zilembo zoyamba zokha. Ndalemba "Mchere" pamwamba, ndadula mzere pansi pake ndi rula.

Bwalo ladzaza. A Namakhwa ndi ankhoswe awo. Akazi awo akulira, ndi achemwali awo atatu amene sakulira. Mai Dinesi ndi amuna awo. Amayi ayala mikeka yonse, alowa, andilanda pensulo m'manja, anditulutsa ndi dzanja la jekete.

Ankhoswe afotokoza: akazi a kapitao anasambitsa maliro a mayi awo aang'ono ku Kapichi, ndipo akulu a kumeneko anawauza kuti adikire mpaka kumeta. Amuna awo akudziwa. Theka la komboni linkadziwa, mai Dinesi omwe. Koma tsopano zalembedwa, ndipo cholembedwa, akutero ankhoswe, chimayenda chokha popanda mwini wake woti afotokoze. Izi a pulofesa sanatiuzepo.

Za "ya mchere" a Namakhwa sanazitchule n'kamodzi komwe. Ukali wawo wonse authira pa nkhani ya akazi awo, ndipo unali wokwana nkhani ziwiri.

Ankhoswe ali pakati pa mawu, lole yaliza hutala kumsewu. Kawiri, monga amachitira dalaivala akamadikira makalata. Ndadzuka theka. Amayi andiyang'ana. Ndakhala.

Ndaimva ikusintha magiya pa chitunda, mpaka ku mibulugamu, mpaka zii.

Lamulungu

Ku tchalitchi ndakhala kumbuyo. Mlaliki walalikira ola ndi theka za lilime, akumenya gome, thukuta kamukamu, maso ali pa a Tomasi ndi pa ine mosinthanasinthana. Potuluka anthu akuti sanalalikirepo bwino chotere.

Chigamulo cha dzulo: nkhuku imodzi kwa a Namakhwa, imodzi kwa mai Dinesi chifukwa chowaika m'buku, ndi kupepesa khomo ndi khomo m'mizere inayi yonse. Nkhukuzo ndi za amayi. Ine ndili ndi digiri, sutikesi ndi botolo la inki.

Tayenda masana onse, amayi patsogolo, ine pambuyo ndi nkhuku m'khwapa ili ndi ili. Njira yomwe ija ya pakati pa tiyi imene ndinkawatsatira ndili wamng'ono popita kukathyola, nditagwira nsonga ya chitenje chawo, tiyi akundipitirira msinkhu, ine osaona kanthu koma zidendene zawo. Zidendene ndi zomwezo. Liwiro ndi limene lachepa. Kawiri ndinachita kufupikitsa mapazi kuti ndisawaponde.

Pakhomo lililonse iwo amagwada n'kunena kuti mwanayu anachoka ali wamng'ono, sanalangizidwe, mumukhululukire. Ine ndimagwada pambali. Pa khomo lachisanu mawondo a buluku la ku koleji anali atatha ntchito.

Akazi a kapitao alandira nkhuku, aiyeza m'manja, ati, "Mukanabwera kudzandifunsa ine, ndikanakutukwanani, zikanathera pomwepo."

Timapepala ndapezako khumi ndi kamodzi. Tonyowa, inki yayenderera, mchere wadya mawu. Tina anayatsira moto, tina a Tomasi apichirira fodya. Telala wasunga tisanu, akuti ndi toti aziwerengera alendo.

Chodabwitsa: tsopano aliyense ali ndi liwu loti andipatse. Mayi wamkulu wa ku mtsinje uja wanditsekereza pakhomo kuti ndinasiya matanthauzo atatu, ndipo wawatchula, abwino kuposa onse amene ndinali nawo. Ndapapasa m'thumba. Pensulo ili m'mpango mwa amayi kuyambira dzulo.

Achemwali sakundilankhulabe. Alamu akuti ndiwapatse mwezi, ndiponso njinga ndisaiyandikire.

Madzulo. Ndalembera Gilibati mizere itatu, ndi inki yogulira ntchito ina ija: sindinakonzeke, malowo apatse wina, akamva za mwayi wina andikumbuke. Ipita ndi lole ya Loweruka likudzali. Siginecha ndaika yakale.

Mawa sikisi koloko, sikelo. Masamba akhala ambiri, mvula sinaleke.

Amayi andipeza pakhonde ndikumata envelopu. Akhala pansi, atambasula miyendo, afunsa ngati ku Zombako adzafunenso liwu lina. Ndati mwina chaka chamawa. Ndati ndikhoza kuyesa lina losavuta, monga mphasa. Ati ayi. Ndati moto. Ati ayi, ndipo andiyang'ana ngati ndatukwana. Ndati nanga liti.

Ayang'ana ku khola.

"Nkhuku zatsala zitatu, imodzi ikufungatira. Usankhe liwu la nkhuku ziwiri."